Nkhuku Imene Inatitulutsa M'nyumba ya Malata

Amuna anga anali telala wa pakhonde. Ana a masiku ano sangazidziwe zimenezi, koma nthawi ya Chitaganya sitolo iliyonse ya Amwenye ku Limbe inkakhala ndi telala wake panja, ndi makina opondera ndi phazi. Ukagula nsalu m'kati, umangotuluka n'kumupeza telala akukudikira, tepi ili pakhosi. Amuna angawo ankasoka pa sitolo ya mmwenye wina wachisilamu, mkulu wa ndevu zoyera wobadwira m'Limbe momwemo, amene Chinyanja ankachiyankhula ndi miyambi yomwe. Ntchito imeneyi ndi imene inatilowetsa m'nyumba ya malata.

Nyumbayo inali m'munsi mwa phiri la Mpingwe, pa mdadada wa nyumba zisanu ndi zitatu za njerwa zogundizana, pamene tonse tinkangoti pa laini. Zipinda ziwiri, pansi pa simenti, mpopi umodzi wa tonse pakati pa bwalo. Mwini wake sitinamuonepo ndi maso. Ena ankati amakhala ku Halale, ena ankati anabwerera kwawo ku Ulaya. Amene tinkawadziwa ndi a kampani yoyang'anira nyumba za lendi, imene ofesi yake inali m'tawuni ya Blantyre, pamwamba pa sitolo ina. Kumeneko kunali mzungu, kalaliki wake, ndi kapitawo amene ankabwera pa njinga kudzazungulira malaini.

Makolo anga ndi makolo a amuna anga onse anachokera kwa Apwitikizi, kuwoloka malire ndi mitolo pamutu, ndipo ine ndinakulira ku Chigumula m'nyumba ya udzu yozira ndi dothi. Tsono musandiseke ndikanena kuti simenti ija ndinkaikonda ngati munthu. Ndinkaikolopa kawiri patsiku, ngakhale pasanaponde aliyense. Madzi ndinkakatunga mphika uli pamoto n'kubwerera usanawire. Ana athu aakazi awiri ankapita kusukulu osawoloka mtsinje. Ndinkadziuza ndekha kuti muno ndiye ndafika, ndidzatulukamo ndi imvi.

Tsiku lolowa, amuna anga anandikhazika pansi n'kundiwerengera pepala la lendi. Chingelezi ankachiwerenga pang'onopang'ono, chala chikutsata mzere, kenako n'kundimasulira. Osaphika mowa. Osasunga alendo okhalitsa. Osakhoma msomali pakhoma. Osaweta chiweto chilichonse, ngakhale nkhuku. Iwo anali mkulu wa mpingo, munthu woti akasaina pepala wasaina ndi mtima womwe, moti kalendala yathu inkakhala chotsamira pawindo chifukwa choopa msomali. Pa laini yonse ija nyumba yopanda nkhuku inali yathu yokha.

Ena onse anali nazo, ndipo inalipo njira yake. Kapitawo akafika m'munsi mwa msewu ankaliza belu la njinga kotalika, ngakhale panalibe woti amupatuke. Belu likangolira, amayi ankachita chipwirikiti, kugwira nkhuku, kuziponya m'madengu, kuphimba ndi ziguduli, n'kukankhira kunsi kwa bedi. Kapitawo ankafika bwalo lili zii. Akaona nthenga pansi ankayang'ana kumwamba ngati akufufuza mvula. Pochoka, thumba la jekete lake linkakhala lotupa pang'ono, ndipo ankakwera njinga mosamala kuti mazira asasweke.

Khoma ndi khoma ndi ife munkakhala mayi wina wamasiye, amene amuna ake anamwalira ndi chifuwa n'kumusiyira ana anayi. Iyeyu nkhuku sankaweta zongosangalatsa. Anali ndi kakhola kobisika m'nthochi, pakati pa khitchini yake ndi yanga, ndipo mazira ankakagulitsa kwa makhukhi a m'nyumba za azungu. Ana anayi aja ankadya mazira omwewo atasanduka ufa. Ndinkamutcha achemwali, iye ankanditchanso achemwali. Tinkapalirana moto, kupatsana mchere, kusungirana ana. Koma nkhuku zake malire sizinkawadziwa. Zinkabwera pakhomo langa lakuseri kudzatola nyenyeswa, n'kundisiyira zitosi pa simenti yanga yomwe ija. Ndinkazipirikitsa ndi tsache ndikuzinenera mawu oti mkazi wa mkulu wa mpingo sayenera kuwadziwa, achemwali akuseka kuseri kwa nthochi.

Dzinja lathu lachitatu denga linayamba kudontha, osati kwathu kokha koma laini yonse. Malata anali atadyeka ndi dzimbiri pa misomali. Mvula ikagwa m'nyumba monse munkakhala mabeseni ndi zidebe, ana akugona mopindika pakona youma. Khoma la chimbudzi cha tonse linang'ambika, moti polowamo tinkayamba tapemphera. Kapitawo tikamuuza ankangoti, "Ndikanena, amayi, ndikanena." Kumene ankakanenako sitikudziwa.

Lamulungu lina abambo a pa laini anakhala pansi pa mtengo wa mango, n'kugwirizana kuti wamva m'mimba ndiye atsekula chitseko. Anasankha amuna anga kuti awayankhulire, chifukwa ankadziwa kulemba Chingelezi ndiponso anali ndi jekete lodzisokera okha. Iwo anangoti mutu ukakula sulewa nkhonya, n'kuvomera. Ine ndinanyada kwabasi, ndisaname. Analemba kalata, ena anasaina, ena anadinda chala, achemwali nawonso anadinda. Kalata inapita, yankho kunalibe. Inapita yachiwiri, zii. Ndiye anaganiza zopita okha kuofesi ndi kalata yachitatu pamanja.

Apa ndi pamene ndinalowererapo ine, ndipo ndivomere lero kuti cholakwa chinayambira pakamwa panga. Kwathu munthu sapita kukadandaula kwa wamkulu chimanjamanja. Bambo anga popita kukapempha malo olima ananyamula nkhuku. Popita kwa ankhoswe kukakonza nkhani ya banja, nkhuku inkatsogola. Sikugula munthu ayi, ndi kusonyeza kuti wabwera ndi ulemu, sunabwere kudzamenyana. Ndiye nditaona amuna anga akusita jekete, ndinawafunsa:

"Bambo, mukupita kwa eni nyumba ndi pepala lokhali?"

"Nanga ndipite ndi chiyani, amayi?"

"Kawiri konse mwatumiza mapepala ngati mukulamula antchito anu. Mwina n'chifukwa chake sakuyankha. Akuti anthu a pa laini ija ndi amwano."

"Azungu sayendera zimenezo."

"Kodi mzungu sadya nkhuku? Nanga mazira a achemwali amathera kuti?"

Anaseka mpaka anaika simbi pansi. Amuna anga pa zinthu za Mulungu ndi za lamulo sankasunthika, koma pa zinthu za ulemu ankakhulupirira kuti ine ndimadziwa kuposa iwo. Anagonja.

Kupempha nkhuku kwa achemwali kukanakhala kulanda chakudya pakamwa pa ana. Choncho ndinayenda wapansi kupita ku Chigumula kwa mayi anga. Iwo atamva kuti ndi ya eni nyumba, anasankha thadzi lofiira lonenepa, labwino kuposa onse m'khola. Linagona usiku umodzi wokha m'dengu m'khitchini mwanga. M'mawa mwake amuna anga analimanga miyendo ndi kansalu kotsala posoka, n'kupalasa njinga kupita ku Blantyre, kalata ili m'thumba.

Zimene zinachitika kuofesi anandifotokozera okha madzulo, akumwa tiyi, nkhope ili yowala. Anakwera masitepe thadzi lili m'khwapa. Kalaliki atawaona anatong'ola maso, n'kunong'ona kuti, "Achimwene, tsikani nayo msanga imeneyo." Koma chitseko cha mzungu chinali chitatseguka kale. Amuna anga anavula chipewa, anaika thadzi pansi ndi manja awiri, n'kupereka kalata. Mzungu kalatayo anangoiika pambali. Anafunsa nambala ya nyumba, n'kulemba. Anafunsa ngati nkhukuyo inali yawo.

"Inde bwana, ndi yanga, ndakubweretserani."

Anafunsanso kumene inagona usiku wathawo, iwo n'kuyankha zoona, kuti kunyumba. Mzungu analembanso, anamwetulira, n'kunena kuti yankho libwera posachedwa.

"Wamwetulira, amayi," anandiuza. "Munanena zoona."

Ine ndinadzimva ngati ndine mkazi wanzeru m'Limbe monse.

Yankho linabweradi. Patapita sabata kapitawo anafika ndi kalaliki uja. Belu analiza, koma kamodzi kokha, ngati munthu wochita manyazi. Amayi anabisa nkhuku monga mwa nthawi zonse. Alendowo sanalowe nyumba ina iliyonse, analunjika kuseri kwa yathu. Kalaliki anawerama n'kutola nthenga, kuika mu envelopu, anayang'ana zitosi pa sitepe, n'kulemba m'kabuku. Maso anga sanawayang'ane. Masiku atatu asanathe tinalandira notisi yoti mwezi ukatha tituluke, chifukwa tikuweta nkhuku pa malo a kampani.

Amuna anga anaiwerenga katatu, chala chikutsata mzere. Kenako anaipinda bwinobwino n'kunena kuti sanaphwanye lamulo lililonse, ndipo satuluka. Mwezi unatha tili momwemo. Kenako kunabwera chisamani cha kukhoti.

Anakachionetsa kwa mwini sitolo uja. Tsiku limenelo ndinalipo, ndinali nditawapititsira chakudya. Mkuluyo anawerenga, anavula magalasi, n'kupukusa mutu.

"Bambo telala, mukanandifunsa ine. Ndakalamba ndikuchita nawo anthu amenewa. Kumeneko umapita ndi pepala ndi mboni, nkhuku umasiya kunyumba. Ndipo musaganize kuti chawawawa ndi nkhuku. Chawawawa ndi zala zija munadinda pa kalata. Mwawaonetsa kuti laini yonse ikhoza kuyankhula ndi pakamwa pamodzi, ndiye akufuna kuchotsa pakamwapo."

Ine ndinangoyang'ana pansi. Mkuluyo anazindikira kuti nzeru ya nkhuku inachokera kuti, koma anali munthu waulemu, sananene. Anatitumiza kwa mphwake amene anali loya. Loyayo anamvetsera nkhani yonse, n'kunena kuti za thadzi lofiira n'zosavuta: tibwere ndi mayi anga adzanene kumene linachokera. Chovuta chinali nthenga ndi zitosi.

"Akufunsani kuti ngati si zanu, ndi za yani. Mukangotchula mwini wake, mlandu watha, nyumba ndi yanu."

"Nanga mwini wakeyo?" anafunsa amuna anga.

Loya anatambasula manja. "Notisi isamukira kwa iye."

Tinakangana Lamulungu masana titachoka kutchalitchi, ana atapita kokasewera. M'banja lathu lonse sitinakanganepo ngati tsiku limenelo, ngakhale wokweza mawu ndinali ine ndekha. Iwo anali atakhala pa mpando akusokerera batani pa malaya.

"Nkhuku ndi za achemwali, zitosi ndi za nkhuku zawo, ife tituluke chifukwa chiyani? Zaka zitatu ndakhala wopanda ndi kamwanapiye komwe chifukwa cha pepala lanulo. Lero ndilipire za eni?"

"Akatuluka apita kuti ndi ana anayi? Kwawo kulibe aliyense. Ife tili ndi amayi ku Chigumula, ndipo ine ndili ndi makina."

"Chabwino. Ndiye mukanene kuti zimachokera kutali, kumidzi ya kuseri kwa phiri."

"Nditagwira Baibulo?"

"Bodza simukufuna, zoona simukufuna. Ndiye mukanena chiyani kukhotiko?"

"Ndikanena kuti si zanga."

"Basi?"

"Basi."

"Tsono ine akandifunsa ndikanena. Mumve bwino, ndikamutchula."

Anadula ulusi ndi mano, n'kunena mofatsa kuti, "Pakamwa ndi panu, amayi. Sindikuletsani."

Akanandikalipira bwenzi zili bwino. Munthu wofatsa ndi wovuta kukangana naye, umangokhala ngati ukumenya thumba la thonje.

Pa laini nkhani inali itamveka kale. Abambo aja amene anadinda zala pansi pa mango mwadzidzidzi anatanganidwa. Wina ntchito yamuchulukira, wina mwendo ukumupweteka. Palibe anavomera kukakhala mboni, ndipo sindikuwanena, chifukwa mboni ikanafunsidwa funso lomwelo, aliyense ali ndi dengu lake kunsi kwa bedi. Achemwali anasiya kubwera kudzapala moto. Nkhuku anazitsekera m'khola tsiku lonse, zikungolira. M'mawa uliwonse ndinkapeza sitepe yanga yakuseri yokolopedwa kale, ndipo ndinkadziwa amene wakolopa.

Tsiku lina tinakumana pampopi, panalibe kothawira. Anadikira ndowa yanga idzaze, n'kunena maso ali pa madzi:

"Achemwali, kukhotiko mukanene zimene mtima wanu ukufuna. Nkhuku ndi zangadi. Sindidzakusungirani chifukwa."

Ndinasenza ndowa n'kumapita, madzi akunditayikira kumsana. Zinandikwiyitsa kuposa kale. Akanandigwadira, kapena akananditukwana, bwenzi nditapeza mphamvu zomutchulira. Koma anthu awiriwa, wa m'nyumba ndi wa kuseri kwa khoma, onse anangondisiyira mpeni m'manja n'kuchokapo.

Tsiku la mlandu tinapita atatu, ine, amuna anga ndi mayi anga. Woweruza anali mzungu wowonda wa magalasi, ndipo pambali pake panaima womasulira, bambo wachikulire wa mawu aakulu. Mayi anga anali asanalowepo m'khoti, koma mantha analibe. Atafunsidwa za thadzi lofiira, anayambira kwa make wa thadzilo, mmene anamugulira, ndi mmene linapulumukira kwa kabawi lili kamwanapiye, Chinyanja chikusakanikirana ndi Chilomwe. Womasulira anatuluka thukuta. Anthu m'mabenchi anaseka, woweruza yemwe anabisa pakamwa ndi dzanja. Kenako mayi anatembenukira kwa mzungu wa kampani n'kufunsa ngati linali lokoma, chifukwa mpaka tsiku limenelo anali asanamve zikomo. Funso limenelo womasulira anangolimeza.

Woweruza anafunsa chifukwa chake munthu angapite ndi nkhuku ku ofesi. Womasulira anafotokoza za mwambo wathu, ndipo ndinaona kuti akuwonjezera zake, chifukwa amuna anga anayankha mawu ochepa koma Chingelezi chinatalika. Woweruza anagwedeza mutu, n'kunena kuti nkhuku yogona usiku umodzi m'dengu sikuweta. Mtima wanga unakhala pansi. Ndinayamba kuganiza kuti mwina tibwerera ndi nyumba yathu popanda kutchula munthu.

Pamenepo loya wa kampani anatsegula envelopu ija n'kukhuthulira nthenga pa tebulo. Zoyera, zakuda, zamawangamawanga. Anafunsa ngati thadzi lofiira limodzi lingathothoke nthenga za mitundu itatu usiku umodzi. Kapitawo anaitanidwa, n'kunena akuyang'ana kudenga kuti pakhomo pathu anapezapo zitosi zakale ndi zatsopano, ndipo m'nyumba zina sanaonemo nkhuku. Kumeneko sananame, chifukwa kunsi kwa bedi anali asanasuzumireko chiyambire ntchito.

Amuna anga anaimirira, jekete lili mbee, chipewa chili m'manja, loya wa kampaniyo n'kuyamba kuwafunsa.

"Nthengazi ndi za nkhuku zanu?"

"Iyayi, bwana. Ine sindiweta nkhuku."

"Zinapezeka pakhomo panu?"

"Inde, bwana."

"Mukudziwa mwini wa nkhuku zimenezi?"

"Ndikumudziwa."

"Ndani?"

Amuna anga anapukusa mutu. Woweruza anawerama n'kuwayankhula yekha, mofatsa, womasulira akutsatira. Anati akuona kuti ndi munthu woona mtima, koma ngati satchula mwini wake, khoti lilibe kuchitira mwina koma kutenga zopezeka pakhomo pa munthu kuti ndi zake. Anawafunsa ngati akumvetsa kuti ataya nyumba.

"Ndikumvetsa, bwana. Koma anzanga anandituma kudzanena za denga. Sanandituma kudzanena za iwo."

Loya wathu anagwira mutu. Kenako anandiyang'ana ine, chifukwa ndinali nditamuuza panja kuti ine sindibisa. Anandiitana. Ndinagwira Baibulo n'kulumbira. Dzina la achemwali linali pa lilime, lokonzeka, ndinali nditaliyeserera njira yonse. Ndinaganiza za simenti, za mpopi, za ana anga akuwoloka mtsinje wodzaza popita kusukulu. Ndinali wokonzeka ndithu.

Ndinacheuka kuti ndione amuna anga. Ndinkayembekeza kuti andiyang'ana ndi maso aja a mkulu wa mpingo, ondiletsa, kuti ndipsenso mtima ndipeze poyambira. Koma sanandiyang'ane n'komwe. Anali atazolika, akutembenuza chipewa m'manja, dala, kuti ndisamve ngati akundikakamiza. Ananena kuti pakamwa ndi panga, ndipo anandisiyiradi, ngakhale ankadziwa kuti ndikhoza kugwetsa zonse zimene aimira kumene pamaso pa anthu.

"Amayi, kodi mumaweta nkhuku?" anafunsa loya wathu.

"Ayi. Ine ndimangosesa."

"Mwini wake mukumudziwa?"

"Ndikumudziwa."

"Uzani khoti dzina lake."

"Amuna anga ayankha kale."

Mawu amenewa ndinawamva akutuluka ngati akunena ndi munthu wina. Loya anafunsanso kachiwiri, ine n'kubwereza zomwezo. Mayi anga kumbuyo anati "Ee!" mokweza, sindikudziwa ngati ankavomereza kapena kudabwa.

Chigamulo sichinachedwe. Anatipatsa mwezi umodzi kuti tituluke. Asanadzuke, woweruza anapempha kalata ya denga ija, anaiwerenga yonse mpaka pa zala, n'kuyankhula mawu angapo kwa loya wa kampani amene womasulira sanatimasulire, koma makutu a mzungu wa kampani uja anafiira. Malata atsopano anafika pa laini sabata yomwe ife tinkamanga katundu. Ndinkakulunga mbale m'nsanza nyundo zikulira pamwamba pa mutu wanga, ndipo ndinalira, osati pang'ono.

Mwini sitolo anatibwereka lole yake. Tinabwerera ku Chigumula, n'kumanga nyumba ya udzu pafupi ndi mayi. Amuna anga anayamba kupalasa njinga mtunda wonsewo m'mawa ndi madzulo, ana anayamba kuwoloka mtsinje, ine ndinabwerera kuchitsime ndi kozira pansi ndi dothi. Simenti ndinadzaipondanso m'nyumba yanga ana atakula n'kuyamba ntchito. Achemwali anakhalabe pa laini mpaka ana onse anayi anakula. Tsiku losamuka anatithandiza kunyamula mitolo osayankhula kanthu, ine osayankhulanso, ndipo patapita miyezi ingapo ndi pamene tinatha kuchezanso ngati kale. Sindinganame kuti sindinadandaulepo. Mvula ikagwa, ana n'kubwera atanyowa mpaka m'chiuno, ndinkadandaula mokweza, ndipo amuna anga ankamvetsera osayankha, ngati munthu amene akudziwa kuti mbali ina ndikunena zoona.

Koma chimene chimandibwerera kawirikawiri, makamaka chimwalirireni iwo, ndi ulendo wochoka kukhoti tsiku lija. Mayi tinawakweza basi. Amuna anga anandiuza kuti ndikhale pa kaliyala ya njinga, ine ndinakana. Ndinatsogola wapansi, msewu wonse wa ku Limbe, dzuwa lili pamutu, iwo akukankha njinga pambuyo panga. Tinadutsa Chichiri osayankhulana. Phiri la Soche linatsalira kudzanja lamanja, tikungoyenda. Kenako ndinamva akuitana.

"Amayi."

Sindinacheuke.

"Mwandikwiyira?"

"Kwambiri."

Tinayendanso pang'ono, tcheni cha njinga chikungolira.

"Nanga bwanji simunanene? Mpata munali nawo."

Pamenepo ndinaima, n'kutembenuka. Jekete linali litanyowa ndi thukuta m'khwapa, nsapato zili fumbi lokhalokha, ndipo nkhope yawo inali ya munthu amene akufunsadi, wosadziwa yankho. Zaka zonse zija anali asanadziwe kuti ndimawaona bwanji.

"Ndikananena, nyumba ikanakhala yathu," ndinatero. "Inu simukanandinena, ndikukudziwani. Mukanadya chakudya changa n'kuthokoza tsiku lililonse. Koma ine ndikanamakuyang'anani bwanji, mutakhala pa mpando paja, ana a eni ali pamsewu? Nyumba ndinkaifuna, bambo, mpaka pano ndikuifuna. Koma ndinkafuna kukhalamo ndi inu amene munaima m'khoti muja."

Anatulutsa mpango, anapukuta fumbi limene panalibe pa chishalo, anapukutanso kaliyala, kenako mwachangu anapukuta m'maso.

"Kwerani, amayi. Mapazi atupa."

Ndinakwera, n'kuwagwira m'chiuno mpaka ku Mpingwe. Koma sindinawayankhulenso mpaka Lachinayi.